Mkamwini wa Ajailo ndi Denga la Apongozi

A Sesiliya a ku Madzimoyo nyumba anali nayo. Tiyambire pamenepo, chifukwa pali ena masiku ano amakamba ngati mayiwa anachita kuwatola pansi pa mtengo. Inalipo nyumba, ya zidina, malata ake ofiira ndi dzimbiri, chipupa cha kumbuyo chong'aluka moti buluzi ankalowa osapempha njira. Yokongola ayi, koma inali ndi denga.

Ndiye kunabwera Howard, mwamuna wa mwana wawo Millicent, uja amagwira ntchito mu ofesi ina m'tauni ya Chipata, wa nsapato zosongoka ngati zokumbira mbewa. Anati apongozi ake sangamagone m'chinyumba chotere iye ali moyo, anthu angamuseke. Anthu atangomaliza kukolola, anafika ndi anyamata, kusasula malata, kugwetsa zipupa, ati yatsopano imangidwe pamalo pomwepo. A Sesiliya anasamutsa mphasa, matumba a chimanga ndi chithunzi cha Maria kupita nazo m'kakhitchini kaudzu kuseri, momwe nkhuku zinawalandira ndi diso la m'mbali. Denga la kakhitchiniko linali ngati lichero lakutha. Dzuwa linkalowa paliponse pomwe lafuna.

"Musadandaule amama," anatero Millicent. "Chizimalupsa chisanagwe mudzakhala mutalowa kale. Atate a Chipo abwera ndi nzeru zatsopano kuchokera ku Lusaka."

Nzeruzo anakazitenga ku wekishopu, ku hotela ija anthu amadya mpaka kumasula lamba kenako n'kupatsidwa satifiketi. Dzina lake ati ajailo. Howard anaitanitsa abale onse pansi pa mtengo wa mango kuti awatsegule m'maso.

"Anthu akale ankamanga mwaumbuli," anatero, dzanja limodzi m'thumba. "Kujambula pulani yonse, kenako kumangoitsatira ngati ng'ombe ya pangolo. Ajailo si choncho. Timanga pang'ono kwa masabata awiri, mwini nyumba aona, anena zofuna kusintha, ife tisintha. Kusintha sitikuopa, timakulandira ndi manja awiri. Ndi mmene amapangira zinthu za m'makompyuta kunjaku."

"Zoonadi zimenezo," anavomera a Matiyasi, mlongo wawo wa a Sesiliya, munthu woti kompyuta anangoionera pazenera la kubanki. "Ife tinachedwa nazo."

"Koma chachikulu," Howard anakweza chala, "mwini nyumba azikamba nane maso ndi maso."

Apa anthu anayang'anana. Mwini nyumbayo anali atakhala kutali kuseri kwa nkhokwe, msana ataulozetsa kumsonkhano, monga amachitira mpongozi woleredwa bwino. Chikwatire Howard pakhomopo, a Sesiliya sanayang'anane naye kumaso, kudyera pamodzi ndiye musatchule n'komwe. Akakumana panjira wina ankapatukira kutchire, ndipo Howard ndi nsapato zakezo analowapo m'chitedze chifukwa cha ulemu womwewu. Mwambowo ankaudziwa bwino, si mzungu ayi, mchombo wake unakwiriridwa ku Mwami konkuno. Kungoti ku wekishopu za apongozi sanaphunzitse. Anakanda m'mutu, n'kunena kuti palibe vuto, mawu a apongozi azidzera mwa wachibale aliyense amene ali pafupi.

Mmisiri anali Bonifasi, bambo wa kamimba kotsogola, amene ankadya nkhuku ya pantchito tsiku ndi tsiku. Kwa iye ntchito yotha msanga inali ngati maliro. Atamva kuti pano kugumula n'kololedwa, anavula chipewa n'kunena kuti chiyambire kugwira chipande chomangira sanaonepo bwana wanzeru chotere.

Panalinso lamulo lina, loti m'mawa uliwonse onse azikumana chiimire, mwachangu, aliyense anene zomwe wachita ndi zomwe zikumutchinga. Tsiku loyamba lomwe a Matiyasi anakana. Anati akuluakulu sakamba nkhani chiimire ngati akuba nkhuku. Anawabweretsera mpando. Mpando utabwera panafunika pemphero, pemphero litatha panafunika moni, kufunsana za ana, za miyendo, za ng'ombe ya uje yotupa mimba. Pomwe ankati tibalalike, dzuwa lili paliwombo ndipo simenti yokandidwa m'mawa yauma gwa pansi. Howard ankakhala atathamangira kale kuofesi, wokondwa kuti gulu lake likumasukirana.

Komabe zipupa zinakwera mpaka pamazenera, ndipo tsiku loonetsa mwini nyumba linafika. Howard anaima pakhomo latsopanolo n'kulankhula ndi mphepo.

"Wina akafunse apongozi ngati akondwa."

Ananyamuka ndi a Dolika, akazi a a Matiyasi, mayi woti uthenga ukalowa m'khutu mwawo umatuluka utabereka. Anawapeza a Sesiliya akusenda nsawawa kuseri kwa nkhokwe kuja.

"Alamu, akamwini anu akufunsa ngati mwakondwa."

"Kawauzeni kuti zikomo, Mulungu awadalitse. Angofolera mvula isanabwere, basi."

Kuchokera pankhokwe kufika pomwe anaima Howard si patali, koma a Dolika anapeza nthawi yoganiza. Iwo ankakonda kucheza pakhonde la mlamu wawo, ndipo khonde loyang'ana kumunda ankaliona ngati kutaya simenti. Kumunda kumadutsa ndani?

"Akuti zikomo kwambiri," anatero atafika. "Koma akuti khomo ndi khonde zikanayang'ana kumsewu, munthu aziona odutsa."

"Mwaona!" Howard anawomba m'manja. "Ajailo yayamba kugwira ntchito! Tikanatsatira pulani, zimenezi tikanazidziwa bwanji?"

Analemba pa kapepala kachikasu n'kumata pa bolodi lomwe anakhomera pamtengo wa mango. M'mawa mwake a Sesiliya anadzidzimuka ndi kulira kwa hamala. Gumu! Gumu! Bonifasi akugwetsa chipupa chomwe anamanga yekha, uku akuimba nyimbo ya kwaya.

"Alamu, akugumuliranji?" anafunsa a Sesiliya.

"Ndi ajailo imeneyo," anayankha a Dolika osaphethira. "Zimafunika sukulu izi, inu ndi ine sitingazimve."

A Sesiliya anabwerera kukhitchini kwawo. Nyumba yopatsidwa, wopatsayo mkamwini, unganene chiyani? Anaganiza kuti mwina ndi mmene amamangira anthu ophunzira, kuyamba ayesa kaye ngati chipupa chimagwa bwino.

A Matiyasi sanachedwe kuona kuti pali chitsime chosatsekera. Tsiku loonetsa lotsatira anathamangira okha kunkhokwe, kukamva mawu omwe aja a denga, n'kubwerera akutsokomola mwaulemu.

"Alongo anga akuti pakhale kachipinda kapadera, ka khomo lakelake lakunja, koika mabelo a thonje ndi njinga."

A Sesiliya thonje analeka kulima amuna awo atamwalira, njinga sanakwerepo. Howard sanadabwe. Kapepala kachikasu, mate, hamala. Millicent naye anaimba foni kuti amama akufuna bafa ya m'nyumba ya matailosi, kumudzi koti madzi amachokera kumjigo pamutu. Amayi a mphakati atamva anatumiza nthumwi kuti amake Millicent akuti pabalaza pachepa, tsiku la mapemphero anthu azikhala pati? Chipupa chapakati chinagwa. Chitagwa, khomo la kumsewu lija linapezeka kuti lalunjika m'bafa, ndiye analitseka n'kuboola lina. Aliyense wodutsa ndi njinga amene anali ndi maganizo ankangoyamba ndi mawu oti "akuti," basi Howard watulutsa cholembera. Amati mutu umodzi susenza denga, koma apa mitu inachuluka mpaka denga kusowa potera.

Mwezi wa Okutobala unafika ndi kutentha kwake kowotcha mapazi. Zipupa zinali ngati mano a nkhalamba, apa patali, apa pafupi, apa palibe. Malata atsopano anali ataunjikidwa kwa a Matiyasi, ndipo ena anali atayamba kale kuthandiza pakhola la nkhumba, ati kuti asachite dzimbiri pokhala chabe. Madzulo kum'mawa kunkachita mdima, mitambo kudzera cha ku Malawi. A Sesiliya ankaiyang'ana, n'kuyang'ana lichero la pamutu pawo, n'kuyang'ana matumba a chimanga. Chimenecho ndicho chinali chakudya chawo cha chaka chonse.

Loweruka lina Millicent anabwera ndi shuga ndi sopo. Mayi ake anamukokera m'khitchini.

"Iwe, kawapemphe amuna ako mwaulemu. Zogumulazi zakwana. Afolere."

"Amama, inunso!" Millicent anaseka. "Iwo akudandaula inu. Akuti chiyambire sanaone munthu wosintha maganizo ngati bilimankhwe chotere. Lero khonde, mawa thonje, mkuja pabalaza."

"Thonje? Ine?"

"Si munatuma amalume?"

"Nanga bafa ya matailosi ndinatuma ndani?"

Millicent anayamba kufunafuna chinthu m'chikwama.

A Sesiliya anamanga chitenje cholimba n'kulunjika kwa mlongo wawo. Anawapeza a Dolika akupeta.

"Alamu, pakamwa panga munabwereka liti? Bwezani, ndikufuna kudyera."

"Iii, alamu, tinkangokuthandizani. Inu mumachita manyazi, simunena zakukhosi."

"Zakukhosi kwanga ndi njinga ya amuna anu? A Matiyasi, tulukani m'nyumbamo, ndaona mapazi anu pansi pa katani!"

A Matiyasi anatuluka akumanga lamba. Anati mlongo asakwiye, nyumba ya mlongo ndi ya mbumba yonse, ndipo iwo monga mwini mbumba ayenera kuona patsogolo. A Sesiliya anawauza kuti patsogolo pomwe akuonapo pali nkhumba zogona pansi pa malata a eni. Anatukwanizana mpaka agalu kulowerera, koma kutukwana sikufolera nyumba.

Chizimalupsa chinagwa masana a tsiku lachitatu lake, chamkokomo, cha mphepo. M'khitchini munagwa mvula yofanana ndi yakunja, kungosiyana kuti yam'katiyi inali ndi mwaye. A Sesiliya anafunditsa matumba ndi mphasa, ndi bulangeti, kenako ndi thupi lawo lomwe, beseni pamutu, nkhuku zitaunjikana m'miyendo mwawo. Itakata, matumba apansi anali atamwa madzi.

M'mawa Howard anafika ndi galimoto ya kuntchito, nsapato zitavala matope. A Sesiliya anabisala kuseri kwa chipupa chosathacho, pafupi moti ankamva fungo la perefyumu wake. Anali atawalumbiritsa a Matiyasi kuti akanene mawu amodzi okha.

"Alongo anga akuti denga," anatero a Matiyasi. Anapuma pang'ono. "Komanso akuti kachipinda kathonje kaja kachepa."

"Denga lili m'gawo lakutsogolo, amalume," anayankha Howard mokoma. "Sitingafolere mwini nyumba asanakhutire ndi zipupa. Lero tikhale pansi tiunike zomwe mvula yadzuloyi yatiphunzitsa."

A Sesiliya anatsegula pakamwa. Mawu anafika pammero, okonzeka, onenepa, oti akanatuluka Howard akanavula nsapato n'kuthawa. Koma kukalipira mkamwini pamaso pa anthu? Mawa pamjigo akanati amake Millicent apenga, ayamba kuyankhula ndi akamwini ngati mnzawo wa kumowa. Anatseka pakamwa. Anaima pamenepo madzi a m'chipupa akuwadonthera paphewa, mpaka nkhope yawo inayamba kumasuka pang'onopang'ono, ngati ya munthu amene wakumbukira pomwe anabisa fodya.

Tsiku lomwelo anaimitsa kalole kopita kutauni. Anakweza matumba onyowa aja, mphasa, mtondo, nkhuku m'dengu, ndi iwo pamwamba.

Muyenera kudziwa kuti Howard, womangira anzake nyumba za makonde, ankakhala ku Nabvutika m'kanyumba ka lendi. Khomo linali limodzi. Ukalowa unkayamba pabalaza, ndipo kuchipinda, kukhitchini, konse unkadzera pomwepo. A Sesiliya anayala mphasa yawo pabalazapo, chopingasa pakhomo penipeni. Chimanga anachiyanika pansi ponse mpaka kunsi kwa TV. Nkhuku anazimasula kuti ziwongole miyendo.

Howard poweruka anapeza mkazi wake atamudikirira panja.

"Amama abwera."

"Ooh, chabwino. Ali kuchipinda kwa Chipo?"

"Ali pakhomo. Akuti msana ukuwawa, sangagone pabedi."

Howard anasuzumira. Anaona msana wa apongozi ake, ndi miyendo itatambasulidwa kuchokera mphuthu iyi kufika inayo. Kuti alowe anayenera kuwalumpha. Mwana wa ku Mwami alumphe apongozi! Anabwerera chambuyo, n'kugwada pamatope pafupi ndi zenera.

"Afunse ngati ayenda bwino," anauza mkazi wake.

"Akuti mwayenda bwino, amama?"

"Uwauze kuti ndayenda bwino. Asavutike nane, ine ndine mlendo, achite ngati kulibe munthu."

Madzulo amenewo anthu a ku Nabvutika anaona zomwe sanalipire: bwana wa tayi akulowa m'nyumba mwake kudzera pazenera la kuchipinda, mutu kutsogolo, nsapato zosongoka zikupalasa m'mwamba. Mayi wogulitsa makala pafupi anakuwa kuti wakuba, ndipo atazindikira kuti ndi atate a Chipo anakuwa kwambiri kuitana anzake. Kudya, ankadyera kuseri kwa nyumba pa chidebe, pakuti sangatafune apongozi akumva. Kusamba kunavuta, chifukwa bafa inali panja ndipo thaulo la m'chiuno silidutsa pazenera mwaulemu. Mpira wa pa TV anausiya. Tambala wa a Sesiliya anasankha mpando wa bwana kukhala wake.

A Sesiliya sanadandaule kanthu. Ankadzuka m'mamawa kutembenuza chimanga chawo, kuimba nyimbo za Maria, n'kumauza aneba onse kuti mkamwini wotere sapezeka, wawamangira nyumba ya makomo ambiri moti akusowa lolowera.

Sabata isanathe Howard anagwadanso pazenera paja, maso ali psuu.

"Afunse kuti akhala mpaka liti."

Ulendo uno uthenga unalibe pokhotera. Wonyamula anali Millicent, amene naye anali atatopa ndi kukolopa zitosi, ndipo mtunda wake unali wa mkono umodzi.

"Akuti mpaka denga."

"Palibe china chofuna kusintha? Khonde, kapena..."

"Akuti denga."

Kutacha Howard anapempha tchuthi kuntchito n'kupita ku Madzimoyo. A Matiyasi atamuona anatuluka ndi mpando wawo, akukonza kukhosi.

"Alongo anga akuti..."

"Amalume, alongo anu ndawasiya pakhomo panga, ndipo ndamva ndekha zomwe akuti. Malata aja ali kuti?"

Panalibe pemphero, panalibe moni wa ng'ombe. Howard anavula tayi, kukasasula yekha malata a pakhola nkhumba zikulira, n'kuwasenza pamutu. Bonifasi anayesa kunena kuti zipupa sizinafanane, pakufunika kugumula pang'ono mbali ya kumadzulo kuti ziyambirenso bwino.

"Mukagwiranso hamala ija, a Bonifasi, ndikugumulani ndinu. Folerani momwemo."

Anafolera momwemo. Denga linakhala chopendekera ngati chipewa cha woledzera. A Sesiliya atabwerera ndi matumba awo anapeza khomo lalikulu likuyang'ana kukhola la nkhumba za mlongo wawo, bafa ya matailosi yopanda paipi, ndi kachipinda kamodzi komwe m'chipwirikiti chija anakatseka mbali zonse zinayi, moti mpaka lero palibe akudziwa ngati wilibala ya Bonifasi ili m'menemo. Anazungulira nyumba yonse, n'kulowetsa chimanga chawo, n'kuchiunjika pakati pa balaza lalikulu la amayi a mphakati. Mvula yeniyeni inayamba sabata yomweyo. Anakhala pansi n'kumaimvera ikulira pamalata.

Howard kuofesi akuti amaonetsa anzake chithunzi cha nyumbayo, chojambulidwa mbali imodzi yokha yowongoka, n'kumati umu ndi mmene ajailo imamangira. Akuti mwina adzamuitana ku Lusaka akaphunzitse ena.

Koma pochoka ku Nabvutika a Sesiliya anasiya thadzi limodzi likufungatira mazira kuseri kwa sofa. Millicent atati alitumize, anakana.

"Lisiye, lingataye mazira. Ndidzabwera ndekha kudzaona anapiye. Ndipo likangodontha denga lija, ngakhale kadontho kamodzi, ndidzabwera ndi mphasa."

Millicent anakafikitsa mawuwo osachotsa, osawonjeza. N'chifukwa chake mukadutsa ku Madzimoyo Loweruka, mitambo ikangoti bii, mudzaona munthu pamwamba pa denga lopendekera, chitini cha phula m'manja, akukwawa ndi maondo kufunafuna mabowo a misomali.